Saverio Lomartire wa ku Ceglie Watisiya Nyimbo Ili Pakati

Malemu Saverio Lomartire, amene agona patsogolo pathupa, anabadwa pa 17 Novembala 1944 muno mu Ceglie, m'nyumba ija ya kuseri kwa msika. Anali woyamba mwa ana anayi a malemu bambo Oronzo Lomartire ndi mayi Addolorata, ndipo anabatizidwa m'tchalitchi chomwe chino ali ndi masiku asanu ndi atatu. Ine amene ndikuwerenga mbiriyi ndine Cosimo, mng'ono wawo. Bambo mfumu, akuluakulu a mzinda, alendo athu ochokera ku Roma, abale ndi anansi nonse, mundikhululukire mawu akamandithawa. Pepalali ndalilemba dzulo, ndipo mpaka pano mutu wanga ukukana kuti dzina la achimwene lizibwera pambuyo pa mawu akuti malemu.

Bambo athu anali osula zitsulo. Ankapanga zipata, makasu ndi nsapato za akavalo, koma pa zikondwerero za oyera mtima ndi pa maliro ankavala yunifolomu ya bandi ya mzinda uno n'kukoleka paphewa lipenga lalikulu lija. Malemu anayamba sukulu mu 1951, ndipo mu 1953, ali ndi zaka zisanu ndi zinayi, analowa m'bandiyo ngati woimba chitoliro, pansi pa aphunzitsi athu, malemu Vitantonio Urgesi.

Nonse mukudziwa mdipiti wa Lachisanu Loyera, ndipo mukuchidziwa chikweza cha ku tchalitchi cha San Rocco. Oimba akafika pamenepo mpweya umawaperewera, malipenga amanjenjemera, mawu ena amaduka. Akuluakulu a bandi ankachita napo manyazi pamalo amenewo. Koma chaka china malemu, ali ndi zaka khumi ndi chimodzi, anauza aphunzitsi pamaso pa gulu lonse kuti, "Aphunzitsi, pachikweza paja pamene mumatikalipira ndi pamene nyimbo imakoma. Amayi onse amayambira pamenepo kulira." Aphunzitsi anawakoka khutu. Sabata yomweyo aphunzitsi omwewo anabwera kunyumba kudzauza bambo kuti mwanayu apite ku sukulu ya nyimbo.

Bambo anakana. Anati, "Nyimbo n'za Lamulungu. Lolemba munthu amagwira nyundo." Amayi, amene ali nafe muno, anayankha kuti, "Nyundoyo agwira Cosimo. Taonani manja akewo, akhoza kuthyola chitoliro." Ndipo ndinaigwiradi nyundoyo zaka makumi anayi. Malemu anapita ku sukulu ya nyimbo ya ku Bari mu Okutobala 1958, kumene anaphunzira piyano ndi luso lopeka nyimbo, ndipo anamaliza mu 1965.

Mu 1966 anapita ku Roma. Masiku amenewo makanema ankatuluka ngati buledi wa m'mawa, ndipo kanema aliyense ankafuna nyimbo zake. Malemu analembedwa ntchito ndi mkulu wina wotchuka amene dzina lake sinditchula pamaliro pano. Iwo ankapeka nyimbo m'kachipinda kakumbuyo, mkuluyo ankangolembapo dzina lake. Anagwira ntchito motero zaka zisanu ndi chimodzi, ife kuno osadziwa. M'makalata ankangoti zonse zili bwino.

Ndinazitulukira ndekha mu 1969 nditapita kukawaona. Masana ena anapita nane kukaonera kanema, ndipo nyimbo itangoyamba ndinaizindikira. Ndinati, "Achimwene, iyi si ija munkaimba papiyano ya ansembe pa Khirisimasi?" Anati, "Khala chete, onera kanema." Mayina a amene anapanga kanemayo atayamba kudutsa, ndinaona dzina la munthu wina. Ndinaimirira n'kukuwa kuti, "Bodza ili! Wapeka nyimboyi ndi uyu, mwana wa Oronzo wa ku Ceglie!" Anatitulutsa tonse awiri. Panja malemu anaseka mpaka kukhala pansi m'mbali mwa msewu, kenako kusekako kunasanduka misozi. Anati, "Cosimo, usakawauze bambo." Bambo anamwalira mu 1979, ndipo nkhaniyi sanaimve.

Pa 6 Juni 1970 malemu anamanga ukwati woyera ndi mayi Fiorella Santarelli a ku Roma, amene ankagwira ntchito yolumikiza zidutswa za kanema. Mulungu anawadalitsa ndi ana awiri, Ilaria mu 1972 ndi Renzo mu 1975. Alamu angawa ndi amene anatulutsa achimwene m'kachipinda kaja. Tsiku lina mnyamata wina wojambula makanema, bambo Attilio Brancadoro, ankadandaula kuntchito kuti mkulu wotchuka uja wakana kumupekera nyimbo. Mayi Fiorella anamufunsa kuti, "Mukufuna mwini dzina kapena mwini nyimbo? Mwini dzina ali kunyanja, akuwothera dzuwa. Mwini nyimbo ndimamuphikira ine."

Motero mu 1972 dzina la Lomartire linaoneka koyamba pa kanema. Anali kanema woseketsa wotchedwa Nkhumba ya Ameya, nkhani ya kalaliki wosauka amene anataya nkhumba ya bwana wake n'kuithamangitsa mzinda wonse. Aliyense ankayembekezera timanyimbo todumphadumpha. Malemu anakana oimba a ku Roma, n'kuitanitsa bandi ya kuno. Tinakwera sitima amuna makumi atatu ndi anayi, ine ndi ng'oma yanga, ena atanyamula tchizi ndi vinyo m'zikwama za malipenga. Alonda a pachipata cha nyumba yojambuliramo nyimbo anayesa ndife anthu a paulendo wa mapemphero amene asochera. Katswiri wina wa makina ojambulira mawu anafunsa monyoza kuti, "Kodi awa amatha n'komwe kuwerenga nyimbo?" Malemu anati, "Ena amatha, ena ayi. Koma onse amadziwa kuyenda kumbuyo kwa bokosi la mnzawo. Inu mumadziwa?"

Titaimba koyamba titakhala pamipando, malemu anapukusa mutu kuti zasalala kwambiri. Anatikweza masitepe a nyumbayo katatu, n'kutiimbitsa tikuyendayenda, tili wefuwefu. Nyimbo yake inali ya maliro, yolemera, yoyenda pang'onopang'ono, ndipo anaiika pamene kalaliki uja akugwa m'matope kumbuyo kwa nkhumba. Anthu m'dziko lonse lino anaseka mpaka nthiti kuwawa, koma potuluka ambiri ankadabwa kuti n'chifukwa chiyani akumumvera chisoni munthuyo.

Umu ndi mmene malemu ankagwirira ntchito moyo wawo wonse. Pamene anthu akuseka ankaikapo nyimbo yachisoni, chifukwa ankati wogwa m'matope saona choseketsa. Pamene munthu akulira ankachotsapo nyimbo yonse. Ankati, "Munthu akamalira sumuimbira lipenga kukhutu. Umakhala naye pansi." Ojambula makanema ena ankakwiya kuti aitana wopeka nyimbo koma iye akuwapatsa chete. Ena anabwerera kwa iwo kachiwiri ndi kachitatu chifukwa cha chete yemweyo.

Nyimbo zawo zinali zazifupi, zoti mayi akhoza kung'ung'udza akutsuka mbale. Akapeka yatsopano ankaimbira foni amayi athu n'kuwaimbira kamodzi kokha. Amayi akalephera kuibwereza, pepalalo ankaling'amba. Ankakonda malipenga ndi zitoliro kuposa mavayolini, ndipo kangapo anatenga amayi okalamba otola azitona kuno n'kupita nawo ku Roma kuti mawu awo, osasalala aja, amveke m'kanema. Ankalemba ndi pensulo, ataimirira, patebulo la kukhitchini, m'mawa khofi asanazizire. Wolemba nyuzipepala wina anazitcha nyimbo zawo zakumudzi. Malemu anamutumizira botolo la mafuta a azitona ndi kakalata kothokoza.

Kuyambira 1972 mpaka 1989 anapeka nyimbo za makanema makumi asanu ndi asanu ndi atatu. Khumi ndi awiri mwa amenewo anali a bambo Attilio, amene anasanduka m'bale wathu, ndipo ndi amene anaimirira Renzo pa ubatizo. Malemu analandira mphoto zitatu zikuluzikulu. Zonse zili kwa amayi, pamwamba pa kabati, pakati pa zithunzi za oyera mtima.

Mbiri ya munthu siyenda mosalala, ndipo bambo Attilio andilola kunena zotsatirazi. Mu 1989 iwowa anapanga kanema wotchedwa Akazi a pa Doko, wonena za amayi amene amuna awo anamira panyanja. Pamalo pamene mayi wina akulandira uthenga wa imfa, malemu anasiyapo chete. Eni kanemayo anaumiriza kuti payenera nyimbo, ndipo bambo Attilio anagonja, n'kuikapo nyimbo ya makina yopekedwa ndi munthu wina, osawauza malemu. Dzina la Lomartire linatsala pomwepo. Malemu anazimva okha tsiku loonetsa kanemayo koyamba, atakhala pakati pa akazi awo ndi mnzawoyo. Anadzuka n'kunena kuti, "Kale anandibera nyimbo n'kuikapo dzina lawo. Iwe wandibera dzina n'kuliika pa zinthu zosakhala zanga." Anatuluka. Anthu awiriwa sanalankhulanenso zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu.

Mu 1991 malemu anasiya za makanema n'kubwerera kuno ndi banja lawo. Anatenga utsogoleri wa bandi yathu, ndipo m'nthawi yawo ndi mmene ana aakazi anayamba kuvala yunifolomu ya bandi, ngakhale ena a ife tinkang'ung'udza. Lero oimba zitoliro athu abwino kwambiri ndi amayi. Maliro a munthu wosauka ankawaimbira ndi gulu lathunthu mofanana ndi a munthu wolemera. A ku Roma akaimba foni, ankauza alamu kuti, "Auze ndili ku maliro," ndipo nthawi zambiri chinali choona.

Mu Okutobala chaka chatha, masana, ine ndi malemu tinali pabwalo la mzinda tikusewera makhadi. Galimoto inaima, ndipo munatsika munthu wowonda, wa ndodo, atagwiriridwa ndi mwana wake wamkazi. Ine sindinamuzindikire. Anati, "Saverio, ndine." Malemu, maso ali pa makhadi, anati, "Ndakuona. Wakalamba moipa." Bambo Attilio anati, "Ndili ndi khansa. Madokotala andipatsa chaka." Malemu anati, "Ndiye wabwera kudzafera pakhomo panga?" Iwo anati, "Ndabwera kudzapepesa. Pamalo paja panafunika chete. Ndinkadziwa ngakhale tsiku lomwelo." Malemu anaika makhadi pansi. Anati, "Zaka zonsezi kusaka njira ya ku Ceglie? Msewu wake ndi umodzi, chitsiru iwe." Kenako anadzuka, n'kumulanda mnzawoyo ndodo, n'kumupatsa mkono wawo. Anati, "Wadya? Tiye, amayi aphika nyemba."

Bambo Attilio anali atajambula kanema wawo womaliza, nkhani ya abale awiri okanganirana munda wa azitona, ndipo ankafuna nyimbo. Malemu anavomera. Analemba miyezi isanu ndi itatu ngati mnyamata, akuimba likhweru m'nyumba, zimene alamu anali asanazimve kwa zaka zambiri. Kumayambiriro kwa mwezi uno akatswiri a ku Roma anabwera ndi makina awo, ndipo tinayamba kujambula nyimbozo m'nyumba yakale yoyengera mafuta, mmene bandi imakonzekerera.

Abale anga, ndinene zoona. Masiku onsewo maso athu anali pa bambo Attilio. Ankabwera pa njinga ya odwala, atafunda bulangeti kunja kukutentha. Malemu ndi amene ankawakankha, ndipo m'mawa uliwonse ankawaseka kuti, "Ukupumabe? Usafe lero, tili ndi ntchito." Ena a ife tinali titayamba kale kunong'onezana za mmene tidzatumizire thupi ku Roma. Za achimwene panalibe amene ankaganizako. Munthu wa zaka makumi asanu ndi limodzi ndi zitatu, wopalasa njinga mpaka kunyanja Loweruka lililonse, amene moyo wake wonse sanagonepo m'chipatala. Mu Juni anakapimidwa, dokotala n'kuwauza kuti mtima wawo ndi wa mnyamata.

Lachinayi lapitali, pa 18 Seputembala 2008, malemu anadzuka bwinobwino. Anakagula buledi, n'kupatukira kwa amayi kukawasiyira, n'kubwera kuntchito akutafuna nkhuyu. Inali itatsala nyimbo imodzi yokha. Cha m'ma teni koloko tinayamba kuiimba, iwo ataima patsogolo ndi kandodo kawo. Tili pakati, anakweza dzanja lamanzere. Tinaleka. Tinayesa wina walakwitsa, ndipo aliyense anayang'ana mnzake. Malemu anayang'ana ine n'kunena kuti, "Cosimo, ng'oma yako ikulira kuti? Ndikuimva m'mutu muno." Anthu anaseka. Inenso ndinaseka, chifukwa kunditola ine ndiye kunali kudya kwawo. Anati, "Dikirani pang'ono." Anakhala pampando, kandodo kanagwa pansi, mutu unapendekera kumbali.

Tinadikiradi. Mulungu atikhululukire, anthu makumi anayi tinaima ndi zoimbira m'manja tikudikira kuti nthabwala ithe. Woyamba kuzindikira anali bambo Attilio. Munthu amene mawu ake anali atatha kale anakuwa kuti, "Mugwireni! Saverio! Mugwireni!" ndipo anayesa kudzuka panjinga yawo n'kugwa pansi. A dokotala Semeraro, amene amaimba nafe chitoliro, anathamanga n'kuwagoneka malemu pansi. Ambulansi sinachedwe. Anapita nawo kuchipatala ku Brindisi, alamu ali pambali pawo. Madokotala anatiuza kuti mtsempha wa magazi waphulika m'mutu, ndipo panalibe chimene munthu akanachita. Sanatsegulenso maso. Bambo mfumu a pachipatalapo anawadzoza mafuta oyera, ndipo nthawi itangopitirira thu koloko masana anatisiya. Kudwala kwawo konse kunali kwa maola anayi.

Ine ndi mchemwali wanga Rosaria tinapita kukawauza amayi. Tinawapeza pakhonde akuyanika nkhuyu. Atationa nkhope anadzilemba chizindikiro cha mtanda n'kunena kuti, "Attilio wapita? Wapumula, mwana wa eni." Rosaria anati, "Amayi, si Attilio." Anatiyang'ana wina ndi wina. Anati, "Nanga Saverio ali kuti?" Rosaria anayamba kulira. Amayi anati, "Ayi. Bwererani mukaonenso bwino. M'mawa uno wandibweretsera buledi. Ulipo uwo, sindinaudule n'komwe."

Malemu asiya mayi awo owabereka, mayi Addolorata, a zaka makumi asanu ndi atatu ndi zisanu ndi chimodzi. Asiya akazi awo, mayi Fiorella, amene akhala nawo m'banja zaka makumi atatu ndi zisanu ndi zitatu. Ana awiri, Ilaria ndi Renzo. Adzukulu atatu, Nives, Tommaso ndi Addolorata wamng'ono amene ali ndi miyezi isanu. Asiyanso alongo awo awiri, Rosaria ndi Immacolata, ndi ine mng'ono wawo.

M'malo mwa banja ndithokoze a dokotala Semeraro, amene anachita zonse zimene akanatha. Ndithokoze anyamata a ambulansi, madokotala ndi anamwino a ku Brindisi. Tikuthokoza bambo mfumu ndi akwaya, a khonsolo ya mzinda amene atsitsa mbendera, eni masitolo amene atseka zitseko zawo m'mawa uno, ndi amayi a m'dera lathu amene sanawasiye okha amayi ndi alamu kuyambira Lachinayi. Alendo athu a ku Roma, ena a inu munali musanawaone malemu zaka pafupifupi makumi awiri, koma mwabwera. Mulungu akubwezereni.

Chomaliza. Tikatuluka muno bandi itsogolera ulendo wa kumanda, ndipo nyimbo imene mumve simunaimvepo. Mu Ogasiti bambo Attilio anapempha malemu kuti awapekere nyimbo ya maliro awo, aimve adakali moyo. Malemu analemba, koma anakana kuwaimbira. Anati, "Imeneyi suimva, ndiye ubwino wake." Anaiika mu envulopu n'kuwasungitsa alamu. Dzulo bambo Attilio anaitanitsa envulopuyo n'kundipatsa ine osaitsegula. Anati, "Cosimo, muimbireni iyeyo. Ine ndidzapita chete."

Mapepalawo tagawana m'mawa uno. Sitinaiyesepo ngakhale kamodzi, ndipo tagwirizana kuti patsogolo pa bandi pasaime munthu. Tikalakwitsa mutikhululukire.

Achimwene, mwatidzidzimutsa. Pitani bwino, mukawapatse moni bambo. Ambuye awalandire mtumiki wawo Saverio, ndipo mzimu wawo uuse mumtendere.